Zilembo 247 pa Mabatani a Chingerezi: Njira Zotayipira Chitamil

Mawu oyamba

Kiyibodi imene timaiona pa makompyuta ambiri, ija imatchedwa QWERTY, idakonzedwa ku America m'zaka za m'ma 1870 poganizira Chingerezi, chinenero chomwe chili ndi malembo 26 okha. Munthu wolemba Chichewa savutika nayo kwenikweni chifukwa nafenso timagwiritsa ntchito malembo a Chilatini, ngakhale kuti lembo la ŵ silipezekapo ndipo ambiri timangolemba w m'malo mwake. Koma pali zinenero zina zomwe eni ake adalimbana kwa zaka zambiri kuti zilembo zawo zikwane pa mabatani omwe sadakonzedwere izo. Chimodzi mwa zinenerozi ndi Chitamil.

Chitamil chimayankhulidwa kwambiri m'chigawo cha Tamil Nadu kummwera kwa India, kumpoto ndi kummawa kwa Sri Lanka, ku Singapore ndi ku Malaysia. Kalembera wa ku India wa 2011 adapeza kuti anthu pafupifupi 69 miliyoni m'dzikomo amayankhula Chitamil ngati chinenero chobadwa nacho. Ndi chinenero chomwe chakhala chikulembedwa kwa zaka zoposa 2,000, ndipo mu 2004 boma la India lidachiika kukhala choyamba pa mndandanda wa zinenero zamakedzana za dzikolo.

M'nkhani ino ndifotokoza njira zinayi zikuluzikulu zotayipira Chitamil. Mfundo yanga ndi yakuti kiyibodi iliyonse imayankha funso lomwe ife ophunzira zinenero timalidziwa bwino: kodi chilembo n'chiyani? Wolemba akamadina batani, akuganiza za maonekedwe a chilembo, za liwu lake, kapena za lembo la chinenero china? Ndionetsa kuti yankho la funsoli limakhudza luso la anthu polemba molondola, komanso kusungika kwa zomwe alemba.

Mmene Chitamil chimalembedwera

Tisanafike pa mabatani, tiyenera kudziwa kaye zomwe zikufunika kukwanapo. Chitamil chili ndi malembo a liwu 12, omwe eni ake amawatcha uyir, kutanthauza moyo, ndi malembo opanda liwu 18 otchedwa mei, kutanthauza thupi. Lembo lopanda liwu likakumana ndi lembo la liwu, awiriwa amapanga chilembo chimodzi chotchedwa uyirmei, thupi lokhala ndi moyo. Tikachulukitsa 18 ndi 12 tipeza zilembo 216. Tikaphatikizapo 12 ndi 18 aja, ndi chilembo china chapadera chotchedwa aytham, ஃ, zonse pamodzi zimakwana 247. Palinso zilembo zochepa zobwereka ku kalembedwe ka Grantha, monga ஜ, ஸ, ஷ ndi ஹ, zolembera mawu ochokera ku Chisanskrit ndi ku zinenero zina.

Tonse tikukumbukira mmene tidaphunzirira kuwerenga poimba maphatikizo: ka, ke, ki, ko, ku. M'Chichewa phatikizo lililonse mwa awa limalembedwa ndi malembo awiri oima paokha. M'Chitamil phatikizo lotere ndi chilembo chimodzi. Chilembo க chimawerengedwa ka, chifukwa liwu la a lili kale m'kati mwake. Kuti tichotse a n'kutsala ndi k yekha, timaika kadontho pamwamba kotchedwa pulli, motere: க். Kuti tipeze maphatikizo ena, timawonjezera chizindikiro cha liwu lomwe tikufuna.

Vuto limayambira apa, chifukwa zizindikirozi sizikhala mbali imodzi. Cha aa chimabwera kumanja: கா. Cha i chimakwera pamwamba n'kutsikira kumanja: கி. Cha e ndi cha ai zimabwera kumanzere, kutsogolo kwa lembo lomwe limayamba kutchulidwa: கெ, கை. Cha o chimagawika pawiri n'kulizinga lembolo mbali zonse: கொ. Cha u chimalowerera m'lembomo n'kulisintha maonekedwe mosiyanasiyana: கு, சு, டு, து. Choncho dongosolo la zomwe diso likuona ndi dongosolo la zomwe khutu likumva sizifanana nthawi zonse. Aliyense wokonza kiyibodi ya Chitamil amayenera kusankha dongosolo loti atsatire.

Njira yoyamba: kutsatira diso

Taipilaita inalibe mwayi wosankha. Makinawa amasindikiza chizindikiro chimodzi n'kusunthira kumanja, sangabwerere kukaika china kumbuyo paokha. Motero wotayipa கொ amayamba ndi gawo lakumanzere la o, kenako க, n'kumaliza ndi gawo lakumanja. Amatayipa mmene dzanja limalembera ndi cholembera, osati mmene pakamwa pamatchulira. Zilembo za u, poti chilichonse chili ndi maonekedwe akeake, zimadya malo ambiri pa mabatani.

Makina amenewa, pamodzi ndi makina osindikizira mabuku, adathandizanso kusintha kalembedwe kenikeniko. Kale zilembo zina, monga ணா, றா, னா, லை ndi னை, zinali ndi maonekedwe apadera osatsata lamulo la zinzake. Periyar E. V. Ramasamy adayamba kulimbikitsa m'zaka za m'ma 1930 kuti zilembozi zizilembedwa mofanana ndi zina zonse, ndipo boma la Tamil Nadu lidavomereza kusinthaku mu 1978. Chimodzi mwa zabwino zake chinali chakuti zizindikiro zofunika pa makina zidachepa.

Makompyuta atafika, anthu omwe adazolowera taipilaita adafuna kupitiriza ndi zomwe zala zawo zimadziwa. Akatswiri adapanga mafonti omwe amaika zithunzi za zilembo za Chitamil pamalo pa malembo a Chingerezi. Yotchuka kwambiri ndi Bamini, yomwe idafala pakati pa Atamil a ku Sri Lanka ndi abale awo okhala kunja. Mu Bamini, munthu akadina j amaona த, koma kompyuta imasunga j. Mawu oti தமிழ், lomwe ndi dzina la chinenerochi, amasungidwa ngati jkpo; ndipo wolandira kalatayo akakhala kuti alibe fonti imeneyi amaona zomwezo basi, jkpo; popanda tanthauzo. Makampani a nyuzipepala ndi osindikiza mabuku anali ndi mafonti awoawo osagwirizana, kotero kuti kuwerenga nyuzipepala zingapo pa intaneti kumafuna kuika mafonti angapo.

Njira yachiwiri: InScript

Boma la India lidayang'ana vutoli ngati la dziko lonse. Zilembo zambiri za m'dzikomo, monga Devanagari yomwe amalembera Chihindi, komanso zilembo za Chibengali, Chitelugu ndi Chitamil, zidachokera ku kholo limodzi lotchedwa Brahmi ndipo zimagwira ntchito mofanana. Mu 1991 padakhazikitsidwa muyezo wotchedwa ISCII, womwe udabwera ndi kiyibodi yake ya InScript. Pa kiyibodi iyi malembo a liwu ali kudzanja lamanzere, opanda liwu kudzanja lamanja, ndipo liwu limodzi limakhala pa batani lomwelo m'zinenero zonse. Wotayipa amatsata khutu: amayamba ndi க kenako chizindikiro cha o, ndipo kompyuta ndiyo imakonza maonekedwe.

Ubwino wake ndi woonekeratu. Kalaliki wa m'boma akaphunzira kutayipa chinenero chimodzi, akhoza kutayipanso china. Koma chovala chosokera anthu onse sichikwana bwino aliyense. Devanagari ili ndi zilembo zinayi za ka, kha, ga ndi gha, pamene Chitamil chili ndi க yokha, yomwe imatchulidwa k kapena g malinga ndi malo ake m'mawu. Zotsatira zake n'zakuti mabatani ena abwino amangokhala opanda ntchito, pomwe zilembo zomwe Chitamil chimadalira tsiku ndi tsiku, monga ற, ள, ழ, ன ndi ண, zimafuna kudina Shift. InScript idayankha funso la dziko, koma sidayankhe mokwanira funso la chinenero.

Njira yachitatu: Tamil99

Akatswiri a Chitamil ochokera m'maiko osiyanasiyana adakumana ku Singapore mu 1997 pa msonkhano wotchedwa TamilNet, ndipo adakumananso ku Chennai mu 1999. Kuchokera pa msonkhano wa ku Chennai, boma la Tamil Nadu lidavomereza kiyibodi yotchedwa Tamil99. Mwa njira zonse, iyi ndi imene ine ndikuiona kuti idakonzedwa ndi anthu oganizira mmene chinenerocho chimayendera.

Choyamba, malembo a liwu ali kumanzere mwadongosolo. Pa mzere wapakati, pomwe zala zimapumira, pali afupiafupi: அ pa batani la a, இ pa s, உ pa d ndi எ pa g, ndipo pulli ali pa f. Pa mzere wapamwamba pali ataliatali monga ஆ, ஈ ndi ஊ, lililonse pamwamba pa mnzake wamfupi. Batani limodzi limagwira ntchito ziwiri: likadinidwa koyambirira kwa mawu limatulutsa lembo la liwu loima palokha, likadinidwa pambuyo pa lembo lopanda liwu limasanduka chizindikiro. Malembo a liwu 12 ndi opanda liwu 18 onse amapezeka popanda Shift. Zilembo za Grantha ndi aytham, zomwe sizibwera pafupipafupi, ndizo zidaikidwa pansi pa Shift.

Chachiwiri, kiyibodi iyi imadziwa malamulo awiri a kaphatikizidwe ka maliwu a Chitamil. Lamulo loyamba ndi lakuti lembo lopanda liwu limakonda kubwerezedwa, monga m'mawu oti அம்மா, amayi. Pa Tamil99 munthu akadina ம kawiri, makina amaika okha pulli pa loyambalo. Lamulo lachiwiri ife olankhula Chichewa sitingalidabwe. M'chinenero chathu liwu la m'mphuno limatsata malo a liwu lomwe likubwera: timati mb ndi mp ndi milomo, nd ndi nt ndi nsonga ya lilime, ng ndi nk kumbuyo kwa kamwa. Chitamil chili ndi magulu 6 otere: ங ndi க, ஞ ndi ச, ண ndi ட, ந ndi த, ம ndi ப, ன ndi ற. Pa Tamil99 awiriawiriwa adaikidwa moyandikana, mwachitsanzo ம pa k ndi ப pa j, ந pa batani lotsatira l ndi த pa l. Munthu akadina la m'mphuno kenako mnzake, pulli amabwera yekha.

Dzina la chinenerochi, தமிழ், limafuna kudina kasanu: l, k, s, / ndi f. Wodina saganiza za l kapena k, amaganiza za த ndi ம. Koma apa ndi pomwe pagona kufooka kwa Tamil99. Makiyibodi ambiri ogulitsidwa m'masitolo ali ndi malembo a Chingerezi okha. Munthu ayenera kuloweza pamtima malo a zilembo, kapena kumata timapepala pa mabatani. Zimenezi zimafuna masiku angapo ophunzira, ndipo si onse amene ali ndi nthawi kapena mphunzitsi.

Njira yachinayi: kudzera m'malembo a Chilatini

Njira yomwe idakopa anthu wamba ambiri ndi yotayipa mawu a Chitamil m'malembo a Chingerezi, pulogalamu n'kumawasandutsa zilembo za Chitamil. Munthu akalemba ammaa amapeza அம்மா. Mwa mapulogalamu oyambirira otchuka pali Murasu Anjal ya Muthu Nedumaran wa ku Malaysia, yomwe kiyibodi yake ya Anjal idalowa m'makompyuta ndi mafoni a Apple, ndi Azhagi ya B. Viswanathan wa ku Chennai, yomwe idatuluka mu 2000. Mapulogalamu ena monga eKalappai ndi NHM Writer amapatsa munthu mwayi wosankha pakati pa njira iyi, Tamil99 ndi ya taipilaita.

Pali chinthu chimodzi chochititsa chidwi pa njira imeneyi. Malamulo akale a Chitamil amati chiyambi ndi lembo lopanda liwu, க், ndipo க ndi க் kuphatikiza அ. Mu Anjal munthu akadina k amaona க், akadina a chimasanduka க. Ndiye kuti njira yomwe imaoneka yachilendo kwambiri ndi imene imatsata ndondomeko ya aphunzitsi akale pa mfundo iyi, pomwe Tamil99 ndi InScript zimayambira pa க yokhala kale ndi a.

Komabe malembo a Chilatini ndi ochepa. Chitamil chili ndi zilembo zitatu zomwe mlendo angazimve ngati n, zomwe ndi ந, ன ndi ண, zitatu zokhala ngati l, zomwe ndi ல, ள ndi ழ, ndi ziwiri zokhala ngati r, ர ndi ற. Kusiyana kwake kumasintha tanthauzo. Mawu oti மலை ndi phiri pomwe மழை ndi mvula. பள்ளி ndi sukulu pomwe பல்லி ndi buluzi. Mapulogalamu amathana nazo pogwiritsa ntchito malembo aakulu, monga L kuimira ள ndi N kuimira ண, kapena z ndi zh kuimira ழ. Koma pulogalamu iliyonse ili ndi malamulo ake, ndipo munthu amakhala akudina Shift kawirikawiri.

Mapulogalamu a pambuyo pake, monga aja a Google, adachita mwina. Munthu amalemba mmene akumvera, mwachitsanzo palli, ndipo makina amayang'ana mu mtanthauziramawu wake n'kupereka mawu angapo oti asankhepo. Izi n'zofulumira, koma udindo wodziwa kalembedwe kolondola umachoka kwa munthu n'kupita kwa makina. Wolemba yemwe sadziwa kusiyanitsa ல ndi ள akhoza kulandira chilichonse chomwe chabwera pamwamba. Njira iyi imafunanso kuti munthu adziwe kaye malembo a Chingerezi asanalembe chinenero chake. Kwa mwana wa ku Toronto kapena London, yemwe amayankhula Chitamil kunyumba koma amaphunzira m'Chingerezi, umenewu ndi mlatho wabwino. Kwa gogo wa kumudzi ku Tamil Nadu, yemwe amawerenga Chitamil chokha, ndi mpanda.

Chodinidwa ndi chosungidwa

Kwa nthawi yaitali anthu ankasokoneza zinthu ziwiri: batani lomwe munthu wadina, ndi nambala yomwe kompyuta yasunga. Pa nthawi ya mafonti ngati Bamini ziwirizi zinali chinthu chimodzi, choncho kusintha kiyibodi kunali kusinthanso zosungidwa. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 padabwera miyezo yofuna kugwirizanitsa anthu: TSCII, yomwe idakonzedwa ndi anthu ongodzipereka pa intaneti, ndi TAB ndi TAM zomwe boma la Tamil Nadu lidavomereza mu 1999. Ntchito ya Project Madurai, yomwe idayamba mu 1998 kuika mabuku akale a Chitamil pa intaneti, idagwiritsa ntchito TSCII isanasamukire ku Unicode.

Unicode ndi muyezo wa dziko lonse lapansi womwe umapereka nambala yakeyake kwa chilembo chilichonse. Chitamil chidalowamo kuyambira mu 1991, m'chigawo cha malo 128, motengera ISCII. Idayamba kugwira ntchito kwa anthu wamba pamene makompyuta adayamba kudziwa kukonza maonekedwe a zilembo, monga Windows 2000 yomwe idabwera ndi fonti ya Latha. Kuyambira pamenepo, munthu wotayipa pa Tamil99, wa Anjal, wa InScript ndi wa dongosolo la taipilaita onse akhoza kutulutsa தமிழ் yofanana ndendende, yomwe ingafufuzidwe pa intaneti, kuikidwa mu ndondomeko ya alifabeti ndi kuwerengedwa pa makina aliwonse. Wikipedia ya Chitamil, yomwe idayamba mu 2003, imalembedwa ndi anthu ogwiritsa ntchito makiyibodi osiyanasiyana popanda kusokonezana.

Si onse adakhutira. Akatswiri ena adadandaula kuti Unicode idatengera kaganizidwe ka Devanagari, chifukwa imasunga க் ngati zinthu ziwiri, க ndi pulli, mosemphana ndi malamulo a Chitamil omwe ndatchula kale. Iwo adakonza muyezo wina wotchedwa TACE16, momwe chilichonse mwa zilembo 247 chili ndi nambala yake. Mu 2010 boma la Tamil Nadu lidavomereza Unicode kukhala muyezo waukulu, n'kulola TACE16 pa ntchito zina zomwe Unicode imavuta. Pa intaneti ndi pa mafoni, Unicode ndiyo idapambana. Ntchito yotsala ndi ya zolembedwa zakale: mabuku, nyuzipepala ndi makalata omwe adatayipidwa m'mafonti akale ayenera kusinthidwa, apo ayi adzasanduka jkpo; kwa mibadwo yakutsogolo.

Mafoni

Foni yodina pagalasi idachotsa vuto lalikulu la Tamil99, chifukwa mabatani ake ndi zithunzi chabe ndipo akhoza kuonetsa zilembo za Chitamil mwachindunji. Makiyibodi monga Sellinam, yomwenso idapangidwa ndi Muthu Nedumaran, ndi Gboard ya Google amalola munthu kusankha zilembo za Chitamil kapena za Chilatini. Mu 2017 Google idawonjezera Chitamil pa zinenero zomwe munthu angathe kungoyankhula foni n'kumalemba yokha. Ngakhale zili choncho, achinyamata ambiri amalemberana mauthenga a Chitamil m'malembo a Chingerezi osawasandutsa n'komwe, mchitidwe womwe udazika mizu pa nthawi imene mafoni sankatha kuonetsa zilembo zawo. Izi zikutiphunzitsa kuti chizolowezi chimatha kukhalapobe ngakhale vuto lomwe lidachibala litatha.

Mawu otsiriza

Ndafotokoza njira zinayi, ndipo iliyonse ili ndi yankho lake pa funso lija. Taipilaita imati chilembo ndi chithunzi. InScript imati ndi liwu lomwe zinenero za India zimagawana. Tamil99 imati ndi liwu la Chitamil, lokhala ndi malamulo akeake. Anjal ndi zinzake zimati ndi liwu lomwe lingathe kudutsa m'malembo a Chilatini.

Maganizo anga ndi akuti njira ya Chilatini ndi yoyenera kwa munthu wolemba mwa apo ndi apo, kapena yemwe adakulira kunja. Koma kwa ana a sukulu, atolankhani, alembi ndi onse omwe ntchito yawo ndi kulemba, Tamil99 ndi yopindulitsa kwambiri, chifukwa imachepetsa kudina ndipo imachititsa wolemba kusankha yekha pakati pa ல, ள ndi ழ nthawi iliyonse. Masiku ochepa ophunzira si mtengo waukulu poyerekeza ndi moyo wonse wolemba. Chofunika koposa n'chakuti njira iliyonse imene munthu wasankha itulutse zolembedwa za muyezo umodzi zomwe wina aliyense angathe kuziwerenga.

Kwa ife ophunzira zinenero, nkhaniyi ikuonetsa kuti kukonza kiyibodi si ntchito ya akatswiri a makina okha. Omwe adaika ம pafupi ndi ப adadziwa kuti maliwu awiriwa amatchulidwa ndi milomo ndipo amayendera limodzi. Chidziwitso chimenecho chimapezeka m'kalasi la maphunziro a maliwu, ndipo chikasowa pa tebulo pomwe akukonza zida, chinenero chimakakamizika kutsata makina m'malo moti makina atsate chinenero.